PHUNZIRO LA MALAMULO: APILO ILI NDI NYENGO YACE

Munthu akagonja pa mlandu wa ngongole, wa nyumba kapena wa cipangano, lamulo limlola kukadandaula ku bwalo loposa limene lidamweruza. Kudandaula kumeneku ndiko kumene anthu amati apilo. Komatu khomo la apilo silikhala lotseguka masiku onse. Wofika mocedwa angathe kutaya katundu wace ngakhale mlandu wace udali womveka.

Masiku oikika

M'Malawi muno, wofuna kucoka ku Bwalo Lalikulu kunka ku Bwalo Lalikulu la Apilo ayenera kupereka kalata yodziwitsa colinga cace kwa mlembi wamkulu wa Bwalo Lalikulu. Ngati ciweruzo cidatsiriza mlandu wonse, ali ndi masabata 6, ndiwo masiku 42. Cotero woweruzidwa pa 3 Marici, nyengo yace itha pa 14 Epulo. Ngati bwalo lidangolamula kanthu kena mlandu uli mkati, masiku ali 14 okha. Pa milandu ya anchito ndi owalemba nchito, lamulo la 1996 lipatsa masiku 30 ocokera ku bwalo la milandu ya anchito kunka ku Bwalo Lalikulu, ndipo apilo yace ikhala pa mfundo za lamulo kapena za mphamvu za bwalo basi.

Cifukwa cace ca malire

Wopambana mlandu nayenso ali ndi ufulu. Mai wamasiye amene bwalo lamubwezera nyumba sangathe kukhala zaka ndi zaka ali ndi mantha akuti mlandu udzukanso. Mlandu uli wonse uyenera kukhala ndi mapeto, kuti anthu abwerere ku nchito zao ndi mtima wokhazikika.

Wocedwa angacite ciani?

Lamulo lipatsa bwalo mphamvu ya kuonjezera nyengo, koma munthu ayenera kucita kupempha, ndipo bwalo lingathe kukana. Pempholo litsagana ndi cikalata columbira, ndipo lionetse zinthu ziwiri. Coyamba, zifukwa zabwino ndi zolemera zimene zidamlepheretsa kucita apilo m'nyengo yace. Caciwiri, mfundo za apilo zoonetsa poyera kuti pali cinthu coyenera kucimva. Cimodzi cokha sicikwanira. Wodwala amene alibe ponena kuti woweruza adalakwa apa sathandizidwa, ndipo wa mfundo zamphamvu amene adangokhala osacita kanthu sathandizidwanso.

Oweruza ayang'ananso kutalika kwa kucedwako. Pakhale anthu awiri. Wina adagona m'cipatala masabata 8, natuluka, napempha sabata lomwelo ali ndi kalata ya dotolo m'manja. Mnzace adacira msanga, koma adati ayambe wakolola, kenaka adikire atsibweni abwere kucokera ku Joni, mpaka caka cidatha. Woyamba afotokoza masiku ace onse. Waciwiri afunsidwa kuti, “Nanga miyezi yonseyi mudali kuti?” ndipo asowa poyankha. Akulu adati ndionetsetse adathetsa nkhosa.

Cina cofunika kucidziwa ndi ici: kucita apilo pakokha sikuimitsa ciweruzo. Wopambana angathe kuyamba kutenga cimene bwalo lidampatsa, pokhapokha wogonja atapempha padera kuti ciweruzo ciyambe caima.

Malangizo

Akatekisti ndi akulu a mpingo, amene anthu abwera kwa iwo ndi madandaulo otere, awakumbutse izi. Tsiku la ciweruzo alilembe pomwepo, ndipo afunse kalaliki wa bwalo masiku a apilo, pakuti mabwalo asiyana nyengo zao. Apereke kalata yodziwitsa msanga, zokambirana za pabanja zibwere pambuyo. Asunge makalata a ku cipatala ndi mapepala onse osonyeza masiku. Wosowa ndalama za loya apite ku ofesi ya Legal Aid Bureau nyengo isanathe.

Mafunso okambirana

1. Kodi wocoka ku Bwalo Lalikulu ali ndi masiku angati ciweruzo cikatsiriza mlandu?
2. Ndi zinthu ziwiri ziti zimene wocedwa ayenera kuonetsa?
3. Kodi malire a nyengo atchinjiriza bwanji wopambana mlandu?