Nyemba ndi Masamba pa Buledi: Phunziro Locokera ku Italy

Ku Tuscany, m'dziko la Italy, anthu amakonda kuyamba cakudya ndi crostini, tizidutswa ta buledi tootca. Wophika amabviika nyemba zoyera usiku wonse, naziphika mpaka zitafewa. Kenaka amazisinja pamodzi ndi sipinaci wofutsa mphindi 2, adyo, mcere, mafuta a olive ndi madzi a ndimu, napaka pa bulediyo.

Buledi pawokha samanga bwino thupi la mwana, koma nyemba zimakwaniritsa mapuloteni osowa mu tirigu. Nyemba ndi masamba zili ndi ayironi yopanga magazi, yofunika kwambiri kwa ana ndi amai apakati. Vitamini C wa m'ndimu amathandiza thupi kulandira ayironiyo, pamene tiyi womwera cakudyaco amaitsekereza.