Phunziro: Nyumba ya Mowa Pafupi ndi Kwathu

Kuwerenga: Miyambo 23:29-35

M'mizinda monga Cape Town ndi London muli mabala ang'onoang'ono amene amafulula okha mowa wawo. Migolo imakhala kuseri, akumwa amakhala kutsogolo, ndipo mowa amautunga pampopi. Kwathu kuno zoterezi si zachilendo, pakuti nyumba ya masese imayendanso motero.

Kafululidwe n'kofanana. Chimera chimasandutsa ufa wa m'phala kukhala shuga, ndipo yisiti amadya shugayo n'kutulutsa choledzeretsa. Kunjako amameretsa barele, ife timameretsa chimanga, mawere kapena mapira. N'chifukwa chake thobwa likagonera masiku angapo limasanduka mowa. Tisawapatse ana thobwa lotere.

Malamulo a Malawi amaletsa kugulitsa mowa kwa mwana wosakwana zaka 18, komabe enafe timatuma ana kukagulira bambo awo. Mwana wozolowera njira imeneyi, mawa adzapita yekha osatumidwa.

Mafunso okambirana

1. Mayi mnzathu amene amafulula mowa kuti apeze fizi ya ana, tingamuthandize bwanji popanda kumusala?
2. Bambo akatuma mwana ku mowa, tingalankhule nawo motani mwaulemu?

Titseke ndi pemphero, pokumbukira mabanja amene mowa wawasautsa.