Malangizo: Kulumikiza Mawaya a Kutsogolo kwa Bokosi la Kompyuta

Timawaya tochokera kutsogolo kwa bokosi la kompyuta ndito timalumikiza batani loyatsira, batani loyambitsiranso makina ndi tinyale ting'onoting'ono ku motherboard. Tonse timalowa pa kagulu ka timapini kolembedwa F_PANEL, kapena JFP1 pa ma motherboard a MSI. Kaguluka nthawi zambiri kamakhala kumunsi chakumanja kwa motherboard.

Ntchito isanayambe, chingwe cha magetsi chizulidwe kukhoma, ndipo wokonzayo akhudze chitsulo cha bokosi kuti magetsi a m'thupi mwake asaononge zipangizo.

Pa ma motherboard ambiri pamakhala timapini 9 m'mizere iwiri, ndi mpata umodzi wopanda pini. Kuwerenga kumayambira mbali yotalikirana ndi mpatawo. Mumzere wa timapini 4, tiwiri toyamba ndi ta POWER LED, totsatira ndi ta POWER SW. Mumzere wa timapini 5, tiwiri toyamba ndi ta HDD LED, totsatira ndi ta RESET SW, ndipo komaliza kamasiyidwa. Kasanjidwe kamasiyanako malinga ndi kampani, motero buku la motherboard ndilo liyenera kutsatidwa.

Mawaya a mabatani amagwira ntchito ngakhale atatembenuzidwa. A tinyale ali ndi mbali ya + ndi ya -, ndipo kamuvi kapapulagi kamasonyeza +. Kanyale kakapanda kuyaka, pulagi yake ingotembenuzidwa.

Mapulagi a USB ndi HD AUDIO, omwenso amachokera kutsogolo kwa bokosi koma salowa pa kaguluka, amafanana kukula, koma iliyonse ili ndi bowo lotsekedwa pamalo osiyana. Pulagi ikakana kulowa isakakamizidwe, chifukwa timapini timapindika msanga.