Masewera amene anabwerera mu foni ya malume

Malume anga amalima mpunga mu sikimu ya Bwanje ku Mtakataka, ija ya mahekitala 800 imene inamangidwa ndi thandizo la dziko la Japan. Ndi munthu wodziwa kuwerengera zinthu zake. Akakolola amadziwiratu matumba a pakhomo, ogulitsa, ndi a fizi ya adzukulu. Foni yamakono anaigwira atakula kale, mwana wawo amene ali ku Johannesburg atawatumizira kudzera kwa a mabasi. Ankaifunira zinthu ziwiri basi: kumva mawu a mwana wawoyo pa WhatsApp, ndi kusungamo ndalama za mpunga kuti zisamagone m'nyumba.

Kumudzi kwawo magetsi sanafike, ngakhale kuti pa Golomoti pomwepa pali masola a mamegawati 20 amene anayamba kupereka magetsi mu 2022. Choncho foni imapita kukatchajidwa pa shopu ina pamsika, m'mbali mwa msewu wa M5. Mashopu amenewa mumawadziwa: mawaya ali piringupiringu pa tebulo, mafoni ali ndandanda, sipika ikulira, mnyamata akuikira anthu nyimbo ndi mafilimu mu memori kadi. Tsiku lina mnyamata wa pa shopupo anawauza kuti, "Madala, WhatsApp yanuyi ndi yachikale. Ndikuikireni yamphamvu, yoti munthu akafufuta uthenga inu muziuonabe." Malume anavomera, nalipirako kangachepe. Sindikuganiza kuti mnyamatayo anali ndi mtima woipa, chifukwa nayenso ankagwiritsa ntchito yomweyo.

Pasanathe mwezi foni inasintha khalidwe. Inkatentha m'thumba ngati mbatata yootcha. Batire yotchaja m'mawa inkatha dzuwa lisanafike paliwombo. Bandulo ya sabata inkatha pa masiku awiri. Akati atsegule uthenga, patsogolo pankabwera kaye chithunzi cha masewera, kampira kodumphadumpha kapena makadi, ndipo kachizindikiro kotsekera kanali kakang'ono moti chala cha munthu wogwira khasu chinkaphonya n'kugunda pakati. Akangogunda, masewera aja ankalowa mu foni. Pa sikirini panadzaza tizithunzi timene iwo sankatidziwa.

Ndinapita kukawaona nthawi yokolola, kutsika phiri la Khwekhwelere pa minibasi. Titamaliza kudya anandipatsa foni ija nati, "Mphwanga, tandichotsera zidole zili umuzi. Ine ndi wamkulu, sindisewera." Ndinailandira, ndinadina kachithunzi kalikonse kwa kanthawi, n'kukakokera pamene palembedwa Remove. Mphindi zisanu sizinakwane, sikirini inali mbee. Anandithokoza, ndipo mawa lake ndinabwerera ku Lilongwe mtima uli m'malo.

Apa m'pamene ndinalakwitsa koyamba, ndipo ambiri a ife timalakwitsa pomwepa. Pa mafoni ambiri a Android, mawu akuti Remove amangochotsa kachithunzi pamaso, pulogalamu yeniyeniyo imatsala mkati, ikudyabe bandulo ndi batire. Yochotseratu ndi Uninstall. Koma ngakhale ndikanadina Uninstall, ndikanangothyola masamba. Aliyense wa kunyanja amamudziwa namasupuni: ukamuwola pamwamba lero n'kusiya kachidutswa m'madzi, sabata yamawa wadzazanso doko. Muzu wa masewera aja unali WhatsApp yabodza ija, ndipo ine sindinaiyang'ane n'komwe, chifukwa inali yobiriwira ngati yeniyeni.

Mapulogalamu otere afala kwambiri m'dziko muno. Odziwika ndi GB WhatsApp ndi WhatsApp Plus. Sapangidwa ndi eni ake a WhatsApp, sapezeka pa Play Store, amayenda kuchoka pa foni kupita pa foni kudzera pa Xender, SHAREit kapena Bluetooth. Kwa zaka zambiri eni ake a WhatsApp akhala akuchenjeza kuti nambala yogwiritsa ntchito mapulogalamu amenewa ikhoza kutsekedwa. Anthu amawakonda chifukwa cha tizokometsera: kubisa kuti wawerenga uthenga, kusintha mitundu, kuona zofufutidwa. Koma tadzifunsani kuti munthu amene anakhala pansi kupanga chinthu chotere n'kuchigawa ulele amadyera pati. Amadyera pa zotsatsa malonda, ndi pa masewera amene inu mumalowetsa mwangozi. WhatsApp yeniyeni siikudumphirani ndi masewera pakati pa macheza anu ndi abale. Mukaona zotero, dziwani kuti imene muli nayoyo si yeniyeni, kapena mu foni muli mlendo wina wobisala.

Patatha masabata atatu malume anandiimbira. Mawu awo anali otsika. Zidole zabwerera, ndipo zachuluka. Kenaka anakhala chete pang'ono, n'kunena chimene anaimbira: anapita kwa ejenti kuti akatape ndalama ya matumba awiri a mpunga, yomwe anasungira fizi, ndipo ejenti anawauza kuti mwatsala yosakwana n'kugula sopo.

Poyamba anaganiza kuti ndi akuba a pa foni aja otumiza mauthenga onama. Sanali iwo. Pakhomopo pali mdzukulu wawo wa zaka 14, mwana waulemu, amene amawawerengera mauthenga chifukwa maso awo anayamba kuchita chidima. Ndiye amapita nayo foni kokatchaja, ndiye amawagulira bandulo, choncho nambala yachinsinsi ya ndalama ankaidziwa. Pakati pa masewera amene ankadumpha aja panali amodzi amene sanali a ana. Anali kandege, kaja kamene dzina lake lenileni ndi Aviator, kamene kanatuluka mu 2019: umaika ndalama, kandege kamanyamuka, ndalama ija imaoneka ikukwera pa sikirini, ndipo uyenera kuitapa kandege kasanathawe. Mwanayo anayamba ndi kandalama kochepa, anapambana kamodzi, kenaka analuza. Zotsatira zake zonse kunali kuthamangitsa yoluzayo kuti aibweze agogo ake asanadziwe. Lamulo la dziko lino silola mwana wosafika zaka 18 kutchova juga, ndipo pali bungwe la MAGLA loyang'anira zimenezi, koma nambala ya foni inali ya munthu wa imvi. Makina sankadziwa kuti chala chimene chikudina n'cha mwana wa pulayimale.

Ndinanyamuka Loweruka lomwelo. Ndinampeza mwanayo atakhala kuseri kwa nkhokwe, maso ali psuu, sanadye chiyambire dzulo lake. Malume sanam'menye. Anangoti, "Wolakwa ndine, ndinam'patsa kiyi wa nyumba." Ine mumtima ndinadziwa kuti gawo langa liliponso, chifukwa masabata atatu apitawo foni ija inali m'manja mwanga ndipo sindinafunse ngakhale funso limodzi: kodi imagona ndi ndani, zinthuzi zinalowa bwanji, nambala yachinsinsi akuidziwa ndani.

Tinakhala pa mkeka pansi pa mtengo wa mango, ndipo ulendo uno ndinalowa mu Settings, pa Apps, pamene pamaoneka mndandanda wonse wa zimene zili mu foni. Masewera amene ndinkati ndinachotsa aja anali momwemo onse, pamodzi ndi ena amene analibe n'kachithunzi komwe pa sikirini. Ndinawachotsa amodziamodzi ndi Uninstall. Ena obwera ndi foni kuchokera ku fakitale sachotseka, amenewo ndinawagoneka ndi Disable. Ndinapeza kuti chilolezo cha Install unknown apps, chimene chimalola pulogalamu ina kulowetsa inzake, chinali chotsegula, ndipo ndinachitseka. Mu Chrome munali masamba a pa intaneti angapo amene analoledwa kutumiza timauthenga, ndiwo ankalira usiku ngati munthu walemba; ndinawaletsa. Ndinayatsa Play Protect kuti ifufuze zotsala. Tinaimbira kampani ya netiweki kufunsa ngati nambalayo inalembetsedwa ku masewera kapena nyimbo zodula mayunitsi tsiku ndi tsiku, ndipo anatichotsera. Nambala yachinsinsi tinasintha, malume anaisunga pamtima.

Kenaka ndinafika pa WhatsApp yabodza ija. Ndinali nditakwiya. Ndinaidina, Uninstall, basi yapita. Ndinaika yeniyeni kuchokera pa Play Store, nambala inalowa bwinobwino, mayina a anthu anabwera. Macheza onse anali opanda kanthu.

Malume anaitenga foni, anatsegula pa dzina la akazi awo, amene anatisiya chaka chathachi atagonekedwa pa chipatala cha Mua. Ali m'chipatalamo ankabwereka foni ya mwana wawo wamkazi amene ankawadikirira, n'kumajambula mawu kutumiza kunyumba: kufunsa ngati mbuzi zalowa m'khola, kukumbutsa za mbewu ya mpunga, tsiku lina kuimba pang'ono nyimbo ya kutchalitchi. Malume ankawamvetsera mawu amenewo madzulo ena, ine osadziwa. Anayang'ana sikirini yoyera ija nthawi yaitali, n'kufunsa motsitsa kuti, "Nanga mayi ako aja apita kuti?"

Ndinafufuza mu mafayilo a foni mpaka dzuwa linalowa, sindinawapeze. Mapulogalamu abodzawa sasunga macheza ku Google Drive monga imachitira yeniyeni, ndipo eni ake a WhatsApp sakulonjezani kuti mukasamuka zinthu zanu zidzakutsatani. Foni ya mwana wawo wamkazi ija inali itagwera m'madzi kalekale. Ndikanangotenga mphindi khumi kutumiza mawu aja ku foni yanga ndisanadine, bwenzi alipo mpaka lero. Ndalama ya fizi inabwerera, mwana wa ku Johannesburg anatumiza ina mwezi wotsatira. Mawu aja sanabwerere.

Musaganize kuti vutoli ndi la anthu a kumudzi okha, kapena la mapulogalamu abodza okha. Makampani akuluakulu nawonso anaona kuti pamene anthu amachezera m'pamene pali msika. Mu 2016 Facebook inaika masewera mkati mwa Messenger, ndipo mu 2019 inayamba kuwasamutsamo. Chaka chomwecho cha 2016 Apple inalola timapulogalamu ndi masewera mkati mwa iMessage, Telegram nayo inatsegula khomo la masewera. Mu 2024 achinyamata m'maiko ambiri anathera miyezi akugogoda sikirini pa Hamster Kombat ya pa Telegram poyembekezera chuma, ndipo ndalama yake itatuluka mu Seputembala chaka chomwecho ambiri anapeza kuti thukuta lawo lonse lakwana madola ochepa. Pa Telegram masewera otere amakhala ngati munthu amene mukucheza naye, ndiye kufufuta macheza kokha sikukwanira, muyenera kuwatsekeratu ndi Block kuti asakulembereninso. Pa WhatsApp yeniyeni khomo lina ndi magulu: munthu amakuponyani mu gulu la "mwayi wa lero" usiku muli mtulo. Mu Privacy, pa Groups, mukhoza kusankha kuti okhawo amene muli ndi nambala zawo ndiwo azikulowetsani m'magulu.

Nthawi zina mlendo amabwera ndi foni yomwe, ikadali m'bokosi. Mu 2020 kampani ya Upstream inalengeza kuti inapeza mapulogalamu oipa otchedwa Triada ndi xHelper mu mafoni pafupifupi 53,000 a Tecno W2 m'maiko monga Ethiopia, Ghana, Cameroon, Egypt ndi South Africa. Ankalembetsa anthu mwakachetechete ku zinthu zodula mayunitsi, ndipo xHelper inkabwerera ngakhale foni itafufutidwa yonse. Kampani ya Transsion, yopanga mafoniwo, inati vutolo linachokera kwa wina amene ankaigulitsa zipangizo. Choncho ngati mwachita zonse koma masewera akubwererabe, musamangokalipira ana. Pitani nayo foniyo kwa wokonza wodalirika kapena kumene munaigula.

Mdzukulu uja akadawerengerabe agogo ake mauthenga, koma amatero ali pambali pawo, ndipo ya ndalama malume amadina okha, pang'onopang'ono, foni itayandikira kumaso. Anagula kasola kakang'ono kotchajira pakhomo, foni siipitanso kumsika. Mwanayo ndinakhala naye pansi n'kumuonetsa mauthenga onse a ndalama zimene zinatuluka, tinawerengera limodzi pa pepala zimene anaika ndi zimene anapambana. Anaona yekha kusiyana kwake, sindinafunike kuwonjezera mawu.

Inu amene mumapita kumudzi pa holide, makolo akakupatsani foni kuti muwachotsere zidole, musachite ngati ine. Khalani nawo pansi, afunseni amene amaigwira ndi amene anaikamo zinthu. Ndipo musanadine Uninstall pa pulogalamu iliyonse ya mauthenga, ngakhale yabodza, afunseni kaye ngati muli mawu kapena zithunzi za munthu amene sangazitumizenso, ndipo muyambe mwazitumiza ku foni ina.