PHUNZIRO 17: ZEZE WA DAVIDE NDI MKONDO WA SAULI

Kalasi: Achinyamata ndi akulu
Kuwerenga: 1 Samueli 16:14-23, 18:6-11
Mau oloweza: 1 Akorinto 14:15
Cholinga: Kuti ophunzira aone kuti nyimbo imafika m'kati mwenimweni mwa munthu, koma singathe kulapa m'malo mwa munthuyo.

Kwa mphunzitsi: Muwerengeretu kunyumba mutu 10 ndi mutu 15 wa 1 Samueli. Popanda mitu iwiriyi simudzamvetsa matenda a Sauli. Mubwere ndi buku la Nyimbo za Mulungu.

Mai akafuna kugoneka mwana wolira samufotokozera ubwino wa tulo. Amamubereka kumbuyo nayamba kanyimbo motsitsa, ndipo mwana amene sadziwa ngakhale liu limodzi amatonthola. Amai pa mtondo amaimba, asodzi pokoka khoka amaimba, ndipo pa siwa anthu amachezera usiku wonse ndi nyimbo, chifukwa mau wamba amakhala atatha madzulo omwe. Tonse tikudziwa kuti nyimbo imalowa pamene mau okha amagogoda nabwerera. Funso la phunziro lathu ndi lakuti: ikalowa m'katimo imachita chiyani, ndipo nchiyani chimene singathe kuchita?

Mfumu yokonda nyimbo

Sauli anali munthu wosachedwa kugwidwa ndi nyimbo. Tsiku limene Samueli anamdzoza, anakumana ndi gulu la aneneri likutsika kumsanje ndi azeze, malingaka ndi zitoliro. Mzimu wa Mulungu unamgwera mwamphamvu, nayamba kunenera pamodzi nao, kotero kuti anthu omdziwa anazizwa. Ufumu wake unayamba ndi nyimbo.

Patapita zaka anatumidwa kukakantha Aamaleki, koma anasunga mfumu yao Agagi pamodzi ndi nkhosa ndi ng'ombe zonenepa. Samueli atamdzudzula, poyamba anakana, kenaka anakankhira mlandu kwa anthu, ndipo potsiriza anavomera ndi pakamwa. Koma taonani chimene anapempha pomwepo: kuti Samueli amchitire ulemu pamaso pa akulu a Israeli. Chimene chinali kumuwawa sichinali tchimo ai, koma manyazi. Akulu anati mbewa ya manyazi inafera kuuna. Kuyambira pamenepo Mzimu wa Yehova unamchokera, ndipo mzimu woipa unayamba kumsautsa.

Anyamata a kunyumba ya mfumu anaona kuti mbuye wao sali bwino, ndipo anapereka nzeru yakuti pafunike munthu wodziwa kuimba zeze. Mmodzi wa iwo anatchula mwana wa Jese wa ku Betelehemu. Jese anamtumiza ndi bulu wosenza mkate, thumba la vinyo ndi kamwana ka mbuzi, monga amachitira munthu waulemu potumiza mwana kwa mfumu. Ndipo mankhwalawo anagwiradi ntchito. Davide akaimba, Sauli anali kutsitsimuka, nakhala bwino, mzimu uja numleka. Tisapeputse zimenezi. Inali mphatso yeniyeni ya Mulungu kwa munthu wovutika, ndipo Sauli anamkonda Davide kwambiri, namsandutsa wonyamula zida zake.

Koma onani chimene anyamata aja sananene. Palibe mmodzi amene anati, tiyeni tikaitane Samueli ku Rama kuti mfumu ikonze mlandu wake ndi Mulungu. Anafunafuna chotonthoza, osati chochiritsa. Munthu wa dzino lobooka akamwa mankhwala oletsa ululu amagona bwino usiku umenewo, koma dzino likali lobooka.

Nyimbo ina, tsiku lina

Davide atapha Goliati, akazi a m'midzi ya Israeli anatuluka kukachingamira ankhondo ndi malingaka, akuvina ndi kuthirirana mang'ombe. M'nyimbo yao anatamanda onse awiri, koma anapatsa Davide chiwerengero choposa cha mfumu kakhumi. Akaziwo sanali ndi chiwembu, anali kungokondwa. Koma nyimboyo inalowa m'khutu lomwe lija, nitsika mumtima womwe uja, nipeza nsanje ili kudikira. Nyimbo inagoneka Sauli, ndipo nyimbo inamdzutsanso.

M'mawa mwake Davide anali kuimba monga mwa masiku onse. Apa, aphunzitsi, musathamange. Auzeni ophunzira atseke mabuku, ndipo aone chithunzicho ndi maso a mumtima. M'chipinda muli anthu awiri. M'dzanja la wina muli zeze, m'dzanja la wina muli mkondo. Zeze ndi yemwe uja, woimba ndi yemwe uja, luso lake silinachepe. Sauli anamvetsera nyimbo mkondo uli m'manja, ndipo nyimbo ili m'kati anauponya. Davide analewa kawiri. Pa mutu 19 zinachitikanso, mkondo nulasa khoma, Davide nathawa usiku womwewo, ndipo sitiwerenganso kuti zeze analira m'nyumba ya Sauli. Nyimbo yotsiriza imene Davide anamuimbira inali ya maliro, mfumu itafera pa phiri la Giliboa.

Pano ndichenjeze. M'kalasi mwanu mukhoza kukhala mwana amene mai ake kapena mbale wake akudwala matenda a maganizo. Musaphunzitse ngati kuti aliyense wodwala chotero wakanidwa ndi Mulungu monga Sauli. Malembo akutiuza chifukwa cha nsautso ya munthu mmodzi ameneyu, sakutipatsa chilolezo choweruza odwala onse. Matenda a maganizo ndi matenda monga ena, amagwira ndi Akhristu okhulupirika omwe. Wodwalayo tipite naye kuchipatala, timpempherere, ndipo timuimbirenso, pakuti nyimbo imapepuzadi mtima wolemedwa.

Kusiyana kwa anthu awiriwa

Davide nayenso anachimwa, ndipo kunena zoona tchimo lake pa Uriya ndi Bateseba linali lonyansa kuposa kusunga ng'ombe za Aamaleki. Nanga anasiyana pati? Sauli anafuna nyimbo kuti aiwale. Davide anatenga nyimbo kuti anene. Natani atamloza chala, iye sanaitane woimba kuti amgoneke, koma anaika mlandu wake wonse m'Salmo 51, naupereka kwa mkulu wa oimba, kotero kuti Israeli yense anaimba kulapa kwa mfumu yake. Ganizani za manyazi ake! Mu Salmo 32 akufotokoza mmene thupi lake linafookera masiku amene anakhala chete osaulula, ndi mpumulo umene anaupeza atavomera.

Mwa Masalmo 150, okwana 73 ali ndi dzina la Davide pamwamba pake, ndipo ambiri a iwo si a chimwemwe. Muli mantha, mkwiyo, kudandaula, ngakhale kufunsa Mulungu chifukwa chimene wakhalira chete. Salmo 88, limene si la Davide, limatha mumdima popanda mau a chitonthozo, komabe linalowa m'buku la nyimbo la anthu a Mulungu. Ichi chikutiphunzitsa kuti nyimbo yauzimu si nyimbo yokhayo imene imatisangalatsa. Ndi nyimbo imene imatulutsa zimene zili m'kati ndi kuziika pamaso pa Mulungu zili chomwecho. Ambuye Yesu anaimba ndi ophunzira ake usiku umene anaperekedwa, ndipo atatha kuimba sanapite kukagona, anapita ku phiri la Azitona. Paulo ndi Sila anaimba pakati pa usiku m'ndende ya ku Filipi, mapazi ali m'zigologolo, misana ikutuluka magazi, asanadziwe kuti makomo adzatseguka.

Mpingo unalimbana nalo funsoli

Augustine, bishopu wa ku Hippo kumpoto kwa Africa, m'dziko limene lero ndi Algeria, anabatizidwa ku Milan m'chaka cha 387, ndipo nyimbo za mpingo wa kumeneko zinamliritsa misozi. Koma m'buku lake lotchedwa Confessions akuti anali kudzikayikira, poona kuti nthawi zina kukoma kwa maimbidwe kunali kumgwira mtima kuposa mau oimbidwawo. Anafika poganiza kuti kapena kuimba kungoleka. Chinambweza ndi kukumbukira misozi ija.

Pa nthawi ya kukonzanso mpingo, Zwingli wa ku Zurich, amene anali katswiri woimba zoimbira zambiri, anachotsa kuimba konse m'mapemphero. Anaidziwa mphamvu ya nyimbo, nchifukwa chake anaiopa. Ine ndiona kuti anapyola muyeso, pakuti sitigwetsa nkhokwe chifukwa mwalowa khoswe. John Calvin ku Geneva anatsata njira ina. Iye anafanizira maimbidwe ndi fanulo: monga ife timathirira parafini m'nyali, maimbidwe amatsitsira mau pansi pa mtima, abwino ndi oipa omwe. Tsono anati tisataye fanulo, koma tisamale chimene tikuthira. Anakonza kuti mpingo wonse uziimba Masalmo m'chinenero chao cha Chifalansa, ndipo buku la Masalmo onse 150 linatha m'chaka cha 1562. Popeza akulu sanazolowere kuimba m'tchalitchi, ana ndiwo anayamba kuphunzitsidwa nyimbozo kuti atsogolere makolo ao. Aphunzitsi a Sande Sukulu, ntchito yanu ndi yakale ndithu.

Mwambo umenewu ndiwo unafika kuno ndi amishoni a Livingstonia mu 1875, a Blantyre mu 1876, ndi a Dutch Reformed amene anayamba ku Mvera mu 1889. Nyimbo zambiri zoyamba zinali zomasulira, mau athu atavekedwa maimbidwe a ku Ulaya, ndipo ife amene tinaphunzira do-re-mi ku sukulu ya uphunzitsi tikudziwa mmene mau ena amapindikira kuti akwane m'menemo. Kumpoto, Donald Fraser analimbikitsa Akhristu achingoni monga Mawelera Tembo kupeka nyimbo ndi maimbidwe a kwao, ndipo nyimbo zimenezo zikuimbidwa mpaka lero. Za ng'oma, magitala ndi makiyibodi anthu akangana zaka zambiri. Sindilowamo lero. Sauli anaponya mkondo pakulira zeze, choimbira chofatsa chimene palibe mkulu wa mpingo angachitsutse.

Mkondo m'manja mwathu

Mulungu anauza Ezekieli (33:30-32) kuti anthu anali kubwera kudzamumva monga amamvera munthu wa mau okoma woimba bwino, koma osachita zimene amva. Mwa Amosi (5:23-24) anakana nyimbo za anthu opondereza osauka, nati akufuna chilungamo. Mau amenewa sali kutali ndi ife.

Taganizani za maliro a bambo wosiya mkazi ndi ana. Usiku wonse abale aimba pa siwa, ena mpaka kulira, ndipo kulirako si kwachinyengo, nyimbo yawagwiradi. Atangochoka kumanda, abale omwewo ayamba kuwerenga malata, njinga ndi mbuzi, namusiya mai wamasiye ndi mphasa yokha. Anaimba mkondo uli m'manja. Taganizani za anthu awiri a kwaya imodzi amene sapatsana moni chaka chathunthu, koma Lamulungu mau ao amagwirizana bwino lomwe. Kapena kwaya imene ikangotha kuimba imatuluka mmodzimmodzi ulaliki usanayambe. Kapenanso mnyamata amene wabera makolo ake ndalama, ndipo mtima ukayamba kumtsutsa usiku amatseka makutu ndi nyimbo za pa foni, zauzimu zomwe, kufikira tulo titamgwira. Ameneyu wadzipezera Davide wake wa m'thumba, woimba nthawi iliyonse imene afuna, amene sadzamfunsa kanthu.

Choopsa chake nchakuti kutsitsimuka kumene nyimbo imapatsa kumafanana kwambiri ndi mtendere wa munthu wokhululukidwa. Munthu amatuluka m'tchalitchi mtima uli myaa, naganiza kuti zake ndi Mulungu zatha bwino, pamene sanabweze kanthu, sanapepese munthu, sanaulule tchimo. Nyimbo inafewetsa nthaka monga mvula yoyamba, koma iye sanadzale. Pakutha masiku awiri nthaka yaumanso. Elisa ataitanitsa woimba zeze pa nkhondo ya Amoabu (2 Mafumu 3:15), sanalekere pa kukoma kwa nyimbo. Mtima wake utakhazikika anamva mau a Yehova, nawanena, ndipo mafumu anachita monga anauzidwa. Mphindi zimene mtima uli wofewa ndizo za kunyamuka ndi kupita kwa mbale amene tinamlakwira.

Mafunso

1. Kodi anyamata a Sauli analakwa poitana woimba zeze? Nanga chinasowa nchiyani pa uphungu wao?
2. Akazi aja akanaimba nyimbo ina, kodi Sauli akanachira? Fotokozani.
3. Paulo akuti tiimbe ndi mzimu ndiponso ndi chidziwitso. Munthu woimba ndi chimodzi chokha mwa ziwirizi amaoneka bwanji?
4. Kodi Mkhristu wachisoni amene sakutha kuimba nyimbo za chimwemwe tingamthandize motani?

Ntchito: Sankhani nyimbo imodzi imene kalasi imaidziwa pamtima. Musaiimbe poyamba. Wophunzira mmodzi awerenge mau ake pang'onopang'ono monga kalata, ndipo ena anene zimene woimba akulonjeza Mulungu m'ndime iliyonse. Mudzapeza ena amene aiimba zaka khumi osadziwa kuti muli lonjezo. Mukatero muiimbe.