Akambuku a ku kachisi ndi utaka wa pa Mbenji

Talandira kalata yochokera kwa bambo wina wa ku Senga Bay ku Salima. Akuti anaona kanema pa WhatsApp, amonke achipembedzo cha Chibuda akusisita akambuku amizeremizere ngati amphaka. Ndiye akufunsa kuti: kodi kuteteza nyama zomwe zikutha si kumeneku?

Zikomo bambo. Malo amene anatchuka ndi zimenezi ndi kachisi wa ku Kanchanaburi m'dziko la Thailand. Alendo ankalipira ndalama kuti ajambulitse atagwira kambuku. Koma mu 2016 boma linakachotsako akambuku 147, ndipo mufiriji munapezeka ana a akambuku 40 akufa. Kachisiyo anaganiziridwa kuti ankachita malonda ozembetsa nyama. Ine kanema wotere sandigwira mtima ayi, chifukwa kambuku woyenda pa chingwe ngati mbuzi sangabwererenso kutchire.

Komatu bambo, mwayang'ana kutali, nkhani ili pakhomo panu. Chilumba cha Mbenji, kwa Mfumu Makanjira, chimatsekedwa chaka ndi chaka kuyambira Disembala mpaka Epulo kuti nsomba ziswane, ndipo mwambowu unayamba m'zaka za m'ma 1950. Pachilumbapo mowa salola, chamba ndi juga n'zoletsedwa, wolakwa amathamangitsidwa. Akuluakulu amati mizimu ikakwiya nyanja imavuta. Kaya inu mumakhulupirira zimenezo kaya ayi, akatsegula, mabwato amabwera ku Chikombe atadzaza utaka, pomwe madoko ena chambo chikusowa.

Tilembereninso mutiuze za njovu za ku nkhalango ya Thuma.