Mmene Kolera Inasinthira Ntchito ya Boma ku Britain: Mafunso ndi Mayankho

Kodi mizinda ya ku Britain inali yotani pamene kolera inafika?

Kolera inalowa m'dziko la Britain mu 1831 kudzera pa doko la Sunderland, ndipo chaka chotsatira inali itafika ku London. Inapeza mizinda yothinana kwambiri. Mafakitale anali atakoka anthu miyandamiyanda kuchoka kumidzi, ndipo eni malo anawamangira tinyumba togundizana, topanda madzi a m'mipope ngakhale ngalande. Mabanja angapo ankapita kuchimbudzi chimodzi. Ku Liverpool ena ankagona m'zipinda zapansi pa nthaka. Zonyansa zinkathera m'maenje okumbidwa kuseri kwa nyumba kapena pansi pake penipeni, nthawi zambiri kufupi ndi chitsime chotungapo madzi akumwa. Boma la masiku amenewo silinkawerengera ukhondo wa m'mizinda pa ntchito zake.

Ndani anayamba kukankha boma kuti lichitepo kanthu?

Anali Edwin Chadwick, katswiri wa malamulo amene ankagwira ntchito mu ofesi yoona za anthu osauka. Iye anaona kuti bambo akamwalira ndi matenda, mkazi ndi ana ake ankasanduka katundu wa anthu okhoma msonkho. Mu 1842 anatulutsa lipoti la umoyo wa anthu ogwira ntchito za manja. Lipotilo linaonetsa kuti m'mabanja a antchito ku Manchester, zaka za omwalira onse zikaphatikizidwa n'kugawidwa, munthu ankafa ali ndi zaka 17, pamene ku Rutland, dera lakumudzi, zinali zaka 38. Chiwerengero cha ku Manchester chinatsika chotero chifukwa ana ambiri ankafa asanakwane zaka zisanu.

Chadwick sanachonderere anthu olemera kuti amvere chisoni osauka. Anawauza kuti kupewa matenda n'kotsika mtengo kuposa kudyetsa amasiye. Mfundoyi inali youma, koma ndi imene a ku Nyumba ya Malamulo anaimva.

Lamulo la mu 1848 linasintha chiyani?

Linakhazikitsa bungwe loona zaumoyo lotchedwa General Board of Health, ndipo linalola mizinda kukhala ndi makomiti osamala madzi, ngalande ndi zinyalala. Koma linalibe mano. Mzinda unkakhala ndi komiti ngati gawo limodzi mwa magawo khumi a okhoma msonkho apempha, kapena ngati pa anthu 1,000 alionse, oposa 23 ankafa pa chaka. Eni nyumba ndi makampani ogulitsa madzi analimbana nalo poti linkawadyera ndalama, ndipo mu 1854 Chadwick anachotsedwa pa udindo.

Kodi anthu ankati kolera imayamba bwanji?

Madokotala ambiri, pamodzi ndi Chadwick, ankakhulupirira kuti matenda amabwera ndi fungo la zinthu zowola. Chikhulupiriro chimenechi chinabala zabwino ndi zoipa zomwe. Misewu inasesedwa, zinyalala zinachotsedwa. Koma pofuna kuthamangitsa fungo m'nyumba za ku London, akuluakulu analamula kuti maenje atsekedwe ndipo zonyansa zizitsukulidwira m'ngalande zopita mumtsinje wa Thames, momwemo mmene makampani ankapopamo madzi akumwa. Mliri wa mu 1848 ndi 1849 unapha anthu oposa 14,000 mu London mokha.

Nanga John Snow anatulukira chiyani?

Snow anali dokotala wa ku London. Mu 1849 analemba kuti kolera imalowa m'thupi kudzera pakamwa, m'madzi odetsedwa ndi chimbudzi cha wodwala. Ochepa okha anamumvera.

Kumapeto kwa Ogasiti 1854 kolera inabuka ku Soho, dera lina la mu London, ndipo inapha anthu oposa 600. Snow anayenda khomo ndi khomo kufunsa kumene omwalirawo ankatunga madzi, ndipo mayankho ambiri analoza mjigo wa mumsewu wa Broad Street. Umboni wamphamvu unachokeranso kwa amene sanadwale. Antchito a pafakitale yofulula mowa mumsewu womwewo anapulumuka chifukwa sankamwa madzi a pamjigopo. Nyumba yosungiramo anthu osauka, imene inali ndi chitsime chakechake, inataya anthu ochepa kwambiri. Komatu mayi wina wamasiye wa ku Hampstead, kutali ndi Soho, anafa ndi kolera, ndipo zinadziwika kuti ankatumiza anthu kukamutungira madzi a pa Broad Street poti ankawakonda kukoma kwake. Pa 8 Seputembala akuluakulu a derali anachotsa chogwirira cha mjigowo. Mliri unali utayamba kale kuchepa, chifukwa anthu ambiri anali atathawa m'deralo.

Gwero lake linapezeka ndi Henry Whitehead, m'busa wa m'deralo, amene poyamba sankagwirizana ndi Snow. Iye anapeza kuti khanda lina la mumsewumo linadwala mliri usanabuke, ndipo madzi ochapira matewera ake ankatayidwa m'dzenje limene linkachucha pafupi ndi chitsime cha mjigowo.

Snow anayerekezanso makampani awiri amene ankagulitsa madzi m'misewu imodzimodzi kum'mwera kwa London. Kampani ya Lambeth inali itasamutsira mipope yake kumtunda kwa mtsinje, ku Thames Ditton, pamene ya Southwark and Vauxhall inkapopabe ku Battersea, mkati mwa mzinda. M'nyumba zomwa madzi a kampani yachiwiriyi imfa zinachuluka pafupifupi kasanu ndi katatu. N'zomvetsa chisoni kuti Snow anamwalira mu 1858 akuluakulu a zaumoyo asanavomere zimene anapeza.

Ngati sanamukhulupirire, ngalande zazikulu za ku London zinamangidwa bwanji?

Zinamangidwa chifukwa cha fungo. M'nyengo yotentha ya mu 1858 mtsinje wa Thames unanunkha koopsa, ndipo Nyumba ya Malamulo ili m'mphepete mwa mtsinjewo. Makatani anaviikidwa m'mankhwala a laimu koma sizinathandize. Nkhani imene aphungu anaikankhira kutsogolo kwa zaka zambiri anaimaliza m'masabata ochepa: anapereka lamulo lolola bungwe la Metropolitan Board of Works kukongola ndalama zomangira ngalande.

Injiniya Joseph Bazalgette anamanga ngalande zikuluzikulu za njerwa, zotalika pafupifupi makilomita 130 zonse pamodzi. Zinkayenda motsata mtsinje, n'kumalandira zonyansa zisanagwere m'madzi, kenako makina a ku Crossness ndi ku Abbey Mills ankazipopera kumunsi, kutali ndi mzinda. Kolera itabweranso mu 1866, inakantha makamaka kum'mawa kwa London kumene ntchitoyi inali isanathe. William Farr, wosunga ziwerengero za imfa m'boma, anasonyeza kuti ambiri mwa omwalirawo ankamwa madzi a kampani imodzi, East London Water Company. Uwu unali mliri womaliza wa kolera mumzindawo. Zonsezi zinachitika kachilombo ka kolera kasanadziwike kwa ambiri: Filippo Pacini anakaona ku Florence mu 1854 koma sanamveke, mpaka Robert Koch anakafotokoza mu 1884.

Kodi ukhondo unakhala liti udindo wokakamiza wa boma?

Mu 1867 amuna ambiri ogwira ntchito m'mizinda anapatsidwa ufulu wovota, ndipo andale anayamba kusamala za m'makwalala a anthu osauka. Malamulo a mu 1872 ndi 1875 anachotsa kusankha kuja. Khonsolo iliyonse inayenera kulemba ntchito dokotala woyang'anira zaumoyo ndi woyendera ukhondo, kusamala ngalande ndi madzi, ndi kuonetsetsa kuti nyumba yatsopano ili ndi chimbudzi. Mzinda wa Liverpool unali utayamba kale zimenezi mu 1847, pamene unalemba ntchito William Henry Duncan kukhala dokotala woyang'anira zaumoyo.

Kodi mbiriyi ikukhudza bwanji Malawi?

Britain inatengera malamulo amtunduwu kumaiko amene inkalamulira. Lamulo la zaumoyo wa anthu la ku Nyasaland linakhazikitsidwa mu 1948, ndipo Malawi analitenga atalandira ufulu mu 1964. Koma atsamunda sanamange mipope ndi ngalande zofikira anthu ambiri monga zinachitikira ku London, ndipo makomboni ochuluka a m'mizinda akudalirabe zimbudzi zokumba ndi zitsime zosatetezedwa. Mliri wa kolera wa mu 2022 ndi 2023, umene unayamba pambuyo pa namondwe Ana ndi Gombe, unafika m'maboma onse a dziko lino ndipo unapha anthu oposa 1,700.